Thumba la Mtedza Limene Walisiya Pakhonde

Kwathu kuno, kuseri kwa Nsaru,
Lachitatu masana.

Jasinta mwana wanga,

Ndakhala pakhonde pano ndi cholembera cha abambo ako, chimwemwe chitandidzaza. Mawa iwe ukwera ndege! Iwe Jasinta, amene unkalira tikakukweza pangolo ya amalume ako, mawa udutsa pamwamba pa mitambo kupita ku Jeneva, kukakhala chipinda chimodzi ndi akuluakulu a maiko pokambirana za malonda a mbewu. Mawu amenewa ndauza aliyense amene wadutsa pano kuyambira Lamulungu. Wogulitsa usipa uja ndamuuza mpaka wachita kuthawa, osadikira n'komwe kuti ndigule.

Ndikulemba pamene wapita kukatsanzika kwa amalume ako ku Kabudula. Ndikudziwa kuti wanyamuka mtima uli m'mwamba chifukwa cha za m'mawa zija, pamene wandikanira thumba la mtedza pamaso pa azimayi onse a kalabu yathu. Thumbalo lili pompano, latsamira chipupa pamene walisiya. Nkhani imeneyo ndiinena kumapeto, usaganize kuti ndaiwala. Uyambe wamva zinazi kaye. Pakamwa sindingathe kukuuza, chifukwa ndikangoyamba abambo ako amalowerera ndi nkhani zawo za fodya, ndipo iwe umangoti wamva, maso ali pansi.

Maso a pansi amenewo ndiwo andikhazika pano kuti ndilembe. Unandifotokozera kuti mwa anthu amene ofesi yanu yawatuma, wamng'ono ndiwe, ndipo gawo la mbewu ngati mtedza ndi soya apatsa iwe kuti uzilitsatira, uziwanong'oneza akuluakulu ako, mwinanso kuyankhula wekha akakupatsa mpata. Nditamva ndinavina, koma nditavina ndinachita mantha. Wakulera ndine, ndikukudziwa. Ndidakuphunzitsa kugwada, kulandira ndi manja awiri, kusayang'ana wamkulu m'maso, kusatsutsa mlendo. Udaphunzira bwino kuposa ana onse a m'mudzi muno, mpaka azimayi a kumphakati ankatchula dzina lako podzudzula ana awo. Tsopano ndikuopa kuti ukafika uko, anthu a imvi ndi mataye akayamba kuyankhula mokoma, iwe ukapinda manja n'kuvomera. Ukatero, mtedza wa kalabu umene wadzaza m'nyumba ya Anagama, wapampando wathu, upitiriza kudikira msika ngati mmene wakhala ukudikirira.

Ndiyambe ndi tambala wanga wofiira uja. Udali ku pulayimale chaka chimene tidayambitsa kalabu. Tidatopa ndi mavenda ndi masikelo awo, ndiye tidati tizisonkhanitsa mtedza pamodzi n'kuitana wogula wamkulu wa ku Tauni. Adabweradi, bambo wina wonenepa bwino, wa galimoto yoyera, dzina ndalisiya dala. Ife chimwemwe chake, munthu wachoka ku Tauni chifukwa cha ife! Tidasesa mpaka kumsewu, tidabwereka mpando wa ndalema kwa aphunzitsi, Anagama adaphika mpunga, ine ndidapha tambala amene ndinkasungira Khirisimasi. Bamboyo adadya, abale, adadya mpaka kumasula lamba. Adayamika, adafunsa maina a ana athu, adanyamula khanda la Anaphiri n'kumaliseweretsa pamwendo. Atasamba m'manja, akutokosa m'mano, ndi pamene adatchula mtengo wake. Mtengowo, Jasinta, sudasiyane ndi wa venda wa pa Nsaru amene tinkamuthawa. Tonse tidamva, tonse tidayang'ana pansi. Ndani akadatsegula pakamwa kukangana ndi munthu amene wangodya kumene m'mbale yako, amene wanyamula mwana wa mnzako? Kwathu kuno mlendo sitikangana naye, timamuperekeza. Tidamuperekezadi. Matumba tidakweza tokha, Anagama adaonjezanso lichero lathunthu la pulayizi. Galimoto itapita, Anaphiri adafunsa ngati tambala uja adatsalako ngakhale khosi lokha.

Iwe udalipo tsiku limenelo, udakhala pamphasa pambali panga. Ukukumbuka, eti? Udandikoka chitenje n'kundifunsa monong'ona chifukwa chake sitikuwauza bambowo kuti mtengo wachepa. Ine ndidakutsina pantchafu, ndipo udakhala chete mpaka madzulo. Sindikupepesa ayi, ndi mmene tidakulira tonse, ndipo mwana woyankha alendo palibe amamufuna pakhomo. Koma ndikukuuza lero kuti pa anthu onse tidakhala pamenepo, amene adafunsa funso loyenera udali iwe.

Tsono uko ukupitako nkhuku akapha ndi iwowo. Akakugonekani m'mahotela, akakudyetsani zinthu zimene ine sindingazitchule, akakuyamikani kuti Amalawi ndinu anthu aulemu, anthu amtendere. Idya mwana wanga, usadzimane, ukatiuze mmene zimakomera. Thokoza ngati mmene ndidakuphunzitsira. Koma mbale zikachoka, nkhani ikhale nkhani. Ife tidalephera kukana chifukwa tidamudyetsa, iwe usakalephere kukana chifukwa akudyetsa. Manyazi adapha lambe, ndipo ife adatiphera tambala pamodzi ndi mtedza wa chaka chonse.

Chaka chotsatira tidati tachenjera. Tidakhala pansi pa mtengo wa mango wa kwa Anagama n'kugwirizana mtengo umodzi, ndiponso kuti wogula akabwera, madzi okha, chakudya pambuyo pa nkhani. Tidalumbira, tidawomba m'manja. Bambo uja sadabwere kumsonkhano. Adabwera tsiku lina masana, wapansi, galimoto ataisiya patali, n'kundipeza ndili ndekha ndikuthothola mtedza kuseri kwa nyumba. Adandiuza kuti pa azimayi onse a kalabu, amene amaoneka wanzeru ndine, ndipo mtedza wanga ndi wosiyana ndi wa anzanga. Adati andipatsa mtengo wapadera, wokwerako pang'ono kuposa wa chaka chatha, bola ndisauze munthu, chifukwa ena angachite nsanje. Adaonjeza kuti ena agulitsa kale mobisa, ndipo galimoto ikadzaza sabweranso chaka chimenecho. Kenaka adatulutsa chitenje chatsopano, chobiriwira, cha maluwa achikasu. Fizi yako ya ku sekondale idali pakhomo, ndipo munthu wakuuza kuti ndiwe wanzeru kuposa Anagama, ungakane? Ndidagulitsa. Abambo ako ndidangowauza kuti ndapeza mwayi.

Lamulungu ndidavala chitenje changa kupita ku Misa, ndikuyenda monyang'wa. Nditafika pakhomo la tchalitchi ndidaona Anaphiri atavala chobiriwira cha maluwa achikasu. Nditacheuka, Anagama, wapampando mwini wake, chomwechonso. Tidalowa, benchi yonse ya kalabu yobiriwira! Palibe adayang'ana mnzake. Pa zolengeza, bambo mfumu adafunsa mwansangala ngati paparishi pabadwa bungwe latsopano limene iwo sadauzidwe, popeza yunifolomu yake ndi yokongola. Anthu adaseka, ife tidafuna pansi patseguke. Mtengo wapadera uja aliyense adapatsidwa womwewo, ndipo udali wotsika kuposa umene tidalumbirira pansi pa mango. Chitenjecho ndikadali nacho, ndi chija ndimafundikira mbuzi ikabereka nthawi yozizira.

Ndiye tamvera. Unandiuza kuti uko maiko osauka ngati lathu amayesetsa kuyankhula ngati gulu, a kuno ku Afirika ndi ena akutali amene nawonso amadalira khasu. Gwira gulu limenelo, Jasinta, uligwire zolimba. Tsiku lina wina adzakukokera pambali, kukhonde kapena kumene amamwera tiyi, n'kukuuza kuti dziko lanu ndi lapadera, kuti iwe ndiwe wanzeru kuposa mtsikana wa ku Zambia kapena bambo wa ku Mozambique, kuti pali kanthu kabwino ka inu nokha bola musauze anzanu, ndiponso kuti ena avomera kale. Ukangomva mawu amenewo, ukumbukire benchi yobiriwira. Umuthokoze, upite kwa akuluakulu ako, kenaka mupite kwa anzanuwo mukafunse poyera ngati nawonso alonjezedwa chitenje. Chala chimodzi sichiswa nsabwe, ndipo wogula amadziwa zimenezi kuposa ife, n'chifukwa chake amayenda khomo ndi khomo.

Ndiponso usalole kuthamangitsidwa. Wogula aliyense amene ndamuona pamoyo wanga galimoto yake imakhala ikunyamuka pompano. Amadziwa mwezi umene fizi imatipana, amadziwa mwezi umene nkhokwe imalira. Uko akhoza kukuchedwetsani dala mpaka mutatopa, kenaka n'kunena kuti sainani msanga, nthawi yatha. Ngati chinthucho sichili bwino, bwerani chimanjamanja, palibe adzakusekeni kuno. Mtedza wa m'makoko sufulumira kuwonongeka, tidaphunzira mochedwa kuti munthu ukhoza kuusunga n'kudikira.

Koma usaganize kuti ndikukutuma kukakana chilichonse. Imva ya madzi. Udali ku sekondale pamene tidapeza wogula wina, wabwino ndithu, amene ankatumiza mtedza kunja kwa nyanja. Ameneyu sadadye nkhuku ya munthu, sadabweretse chitenje, ndipo mtengo wake udatisowetsa tulo ndi chimwemwe. Tidalima chaka chimenecho ngati tapenga. Tsono ukudziwa mmene tinkaswera mtedza kuno. Madzulo umawaza madzi pamulu, umafundikira ndi chiguduli, m'mawa makoko afewa, ukuswa mosavuta zala osapweteka. Amayi anga ankatero, agogo anga ankatero, ndipo iwe ndidakuphunzitsa zomwezo. Ena ankawaza mopitirira kuti thumba lilemere, koma maina sinditchula, ena mwa iwo anali pano m'mawa akuvina. Mtedza udapita, tidayimba mpaka galimoto itazimirira. Patapita masabata, uthenga udabwera kuti aupima ndipo aupeza ndi chuku, sungalowe kunja. Matumba adabwerera, ife tidagwira njakata.

Ine ndidakalipa kuposa onse. Ndidauza alangizi a zaulimi pamaso pa anthu kuti azunguwo akungofuna chifukwa, mtedza womwewu tadya kuyambira kalekale ndipo tili moyo. Alangiziwo adandisiya ndimalize, kenaka adatenga mtedza wonyala n'kuuswa pakati kuti ndione. Adafotokoza kuti chinyezi chija ndicho chimabala chuku, kuti poizoni wake saoneka ndi maso ndipo safa ndi moto, amadya chiwindi pang'onopang'ono ndi kupinimbiritsa ana. Ndipo adandifunsa kumene timapititsa mtedza wonyala umene timausankha pogulitsa. Tonse tinkausinja nsinjiro n'kuthira m'phala la ana athu. Tsiku limenelo ndidapita kunyumba ndikuganiza za iwe ndi mlongo wako, mbale zonse za phala zimene ndidakudyetsani.

Tidasintha. Lero palibe wa kalabu amene amawaza madzi. Timaumitsa bwino kumunda, timaswa wouma gwa, timasankha umodziumodzi, wowola timakwirira. Zala zanga waziona, zang'ambika ngati nthaka ya mu Okutobala, ndipo sindichita nazo manyazi. Ndiye ukamva iwo akunena zoona, vomera msanga, usachite makani ngati amako. Munthu amene amavomera pamene walakwa, akakana anthu amamumvera.

Koma pamenepo ndi pamene mafunso anga akuyambira, ndipo ndikufuna ukawafunse m'malo mwanga. Muyeso wa chuku uja adaukhazikitsa ndani, ndipo pamene ankaukhazikitsa padali munthu mmodzi yemwe amene adaswapo mtedza ndi zala? Bwanji tidaumva mtedza utapita kale, osati tisanadzale? Bwanji makina opimira ali kutali, moti mlimi wa ku Nsaru amadziwa kuti walephera matumba atayenda kale ulendo? Ndipo titakonza zonse, mtedza wathu utapimidwa n'kupezeka woyera, tidauzidwa kuti tsopano pakufunikanso pepala lina, la munthu wobwera kudzayendera minda, amene ulendo wake wokha kalabu yathu singaukwanitse. Ndi chifukwa chake mtedza uli phee kwa Anagama. Tikalumpha mpanda akuukweza, tikalumphanso akuukwezanso. Ukawauze kuti sitikupempha kuti augwetse, tikupempha kuti auimike pamalo amodzi, atiuze nthawi ikadalipo, ndipo atithandize makwerero.

Za chiponde usaiwale. Unandiuza wekha, tikusankha mtedza pamphasa mwezi watha, kuti kumaiko ena mbewu yosakonza imalowa mosavuta, koma ukangoikonza n'kuiika m'botolo msonkho wake umakwera. Ine ndinaganiza kuti ukundiseka. Ndiye kuti akufuna ife tizingokumba ndi kuswa, kusinja azisinja okha? Anaphiri amapanga chiponde chimene aphunzitsi amachita kulimbirana. Mwana wawo wamaliza sukulu, akungokhala. Kagayo kamodzi ka chiponde pa Nsaru kakadamulemba ntchito iyeyo ndi anzake, m'malo momangoyendayenda pamsika.

Unandiuzanso kuti alimi a kumaiko olemera boma lawo limawathandiza kwambiri, moti akhoza kugulitsa motchipa osaluza, koma maiko omwewo amatiuza ife kuti titsegule misika yathu ndipo makuponi a fetereza ndi kuwononga chuma. Ine makuponi ndili nawo madandaulo anga, chaka china dzina limatuluka, chaka china lasowa. Koma munthu amene mwana wake wamubereka kumsana asamauze mwana wa mnzake kuti kuyenda pansi n'kolimbitsa miyendo. Ukanene zimenezo m'Chingerezi chako chabwinocho, mwaulemu, koma ukanene.

Abambo ako adzuka pampando kubwera kudzaona chimene ndikulemba, ndipo akuti ndisaiwale fodya. Ndalemba, aone. Akuti ukawauze akuluakuluwo kuti amva kuti dziko lapansi likufuna anthu asiye kusuta, ndipo iwo sakutsutsa, chifuwa cha amalume ako akuchidziwa. Chigafa chawo cha fodya chaka chino theka lake mwagona mbuzi. Koma akuti amene akutseka khomo la fodya atsegule la mtedza ndi soya, chifukwa munthu sungamutulutse m'nyumba yodontha n'kumusiya pamvula. Ananena zambiri, zina za mitengo ya ku okushoni ya zaka zimene iwe usanabadwe, koma pepala ndi langa. Dziwa kuti kuyambira Lolemba akuyenda ndi jekete la ukwati, dzuwa lonseli, ndipo aliyense akumuuza kuti mwana wawo akukaweruza maiko. Ndawauza kuti sukukaweruza, ukukakambirana, koma sakumva.

Zing'onozing'ono izi ndisaiwale. Akuti kumeneko kuzizira kwake kumaposa kwa mu Juni, ndiye juzi ija ndakuikira pansi pa chikwama usaichotse poti ndi yachikale. Upeze tchalitchi sabata yoyamba, Misa ndi imodzi kulikonse ngakhale usamve chinenero. Uziimba foni Lamulungu masana, nthawi imene ndimakhala kwa Anagama, kuti onse amve, chifukwa ndikamawauza ndekha amati ndikuonjeza. Akuluakulu ako uziwalemekeza, usawadule mawu pagulu, ukaona kuti aphonya uwalembere kapepala kapena uwanong'oneze, ndipo akapanda kumva ubwerezenso. Ukakumana ndi mnyamata wokusangalatsa sindikuletsa, koma adzayambe waswa lichero limodzi la mtedza wouma pakhonde pano, tione zala zake.

Tsopano za m'mawa. Azimayi aja sanabwere wamba. Tinapangana kale kuti aliyense abweretse mtedza wake wosankhidwa bwino koposa, manja awiri awiri, tidzaze thumba limodzi likhale kamba wako, komanso ukawaonetse anthu a uko kuti aone okha zimene akuzitsekera kunja. Thumbalo ndinasoka ndekha. Waona mmene anafikira, akuyimba, Anaphiri akutsogolera chimtali ngati mtsikana, fumbi kobo. Ine ndinanyamula thumba n'kuliika patsogolo pako, mtima utadzaza. Iwe unagwada, unawomba m'manja, unathokoza aliyense potchula dzina. Ndinati mumtima, ameneyu ndiye mwana wanga. Kenaka unadzutsa mutu n'kundiyang'ana m'maso.

"Ayi amayi, sindinyamula. Mtedza wosaphika salowetsa kumeneko popanda mapepala, akautaya pabwalo la ndege. Sindifuna thukuta lanu likathere m'bini."

Nyimbo inaduka. Ndinakuuza kuti mphatso sakana, kuti ukundichititsa manyazi pamaso pa anzanga, kuti sukulu yakuwononga. Abambo ako anatsokomola, kutsokomola kuja kumene mumakudziwa nonse. Anagama anasendera pafupi nawe n'kukulangiza mwachikulu kuti ungolandira, ukafika ku Tauni ukapatse wina aliyense, ife sitidzadziwa, bola ulemu wachitika. Imeneyo ndiyo njira yathu, ndipo ine ndinayembekeza kuti uitenga, chifukwa moyo wako wonse sunandikanirepo kanthu. Iwe sunasunthe. Mawondo ali pansi, mawu osakwera, unawayankha Anagama.

"Ndikalandira n'kukataya ndiye kuti ndakunamizani. Ulendo wanga ndi wokafunsa chifukwa chake mtedza uwu sungalowe. Ndiloleni ndikafunse."

Ndinachoka pamenepo, unaona. Ndinapita kuseri kwa khitchini, zala zikuyabwa kufuna kutsina munthu. Ndinaima pamenepo ndikupuma mwamphamvu, ndikumva kabaza akukutenga, anthu akubalalika mwakachetechete. Ndiye mwadzidzidzi ndinaona mpando wa ndalema uja, bambo uja akutokosa m'mano, ife tonse maso pansi, ndi kamtsikana kakundikoka chitenje. Jasinta, ndinayamba kuseka. Ndinaseka mpaka kugwira chipupa, kenaka ndinaliza nthungululu imene nkhuku zonse zinabalalika nayo. Anagama anabwerera akuthamanga kuganiza kuti mutu wanga wasokonekera. Ndinawagwira m'mapewa n'kuwauza kuti mwana wakana! Wakana atagwada, wakana atathokoza, wapereka chifukwa, tamukalipira, tamunyengerera, tamupatsa njira yozembera, ndipo sanasunthe. Anagama nawonso anayamba kuseka, ndipo tinavina awiriwiri kuseri kwa khitchini ngati ana.

Mantha onse amene ndinayamba nawo kalata iyi ndi a dzulo, ndawalemba kuti udziwe kumene ndachokera. Ngati wakwanitsa kukanira ine, amene ndidakubereka, amene ndimatsina, pamaso pa kalabu yonse ndi abambo ako akutsokomola, ndiye munthu wa taye amene sakudziwa n'komwe kumene kuli Nsaru angakuopse ndi chiyani? Ukachite chimodzimodzi. Ulemu usausiye, ndi wako, ndidakupatsa ndine. Koma maso ukawadzutse ngati mmene wawadzutsira lero.

Ukabwera madzulo ano sindikuuza kanthu, ndikhala ngati ndikadakwiya pang'ono, chifukwa amayi sagonja tsiku lomwelo. Kalatayi ndiilowetsa m'thumba la juzi ija, uipeza kuzizira kukakugwira. Pepala lokha sakaniza pabwalo la ndege, eti?

Thumba la mtedza sindigulitsa ndipo sitidya. Mvula ikagwa ndikadzala kumunda wa kudambo, mizere yake payokha, ndipo azimayi avomera kudzandithandiza kupalira. Ukadzabwera udzaupeza uli m'nthaka. Tidzaukumba, tidzaumitsa, tidzauswa wouma, ndipo ndidzasoka thumba lina. Limenelo ndikufuna lidzapite kunja ndi mapepala ake onse, dzina la kalabu yathu litalembedwa pamwamba, ndipo palibe adzalitaye m'bini. Mbali yathu tichita, zala zilipo. Mbali inayo wanyamula ndiwe.

Pita bwino mwana wanga, Mulungu akutsogolere, ndipo ukakhale pampando wa pawindo kuti udzandiuze mmene Nsaru amaonekera kuchokera kumwamba.

Ndine amako amene wawakanira lero,
Nabanda.